Jacques Tati: Mlembi Amene Ankalemba ndi Maso ndi Makutu

M'chaka cha 1949, pa chionetsero cha mafilimu cha mumzinda wa Venice ku Italy, mphoto ya mlembi wa nkhani ya filimu inapita kwa Mfalansa wina wamtali dzina lake Jacques Tati. Filimu yake inali Jour de fête, ndiye kuti tsiku la chikondwerero. Aliyense amene anaionerapo amadabwa akamva za mphotoyi, pakuti zolankhula m'filimuyo n'zochepa, ndipo zambiri mwa zochepazo sizimveka n'komwe. Tati mwiniwake, amene akusewera ngati wapositi wa kumudzi, amayankhula ngati wabwira ufa. Mu 1956 a ku America nawo anamuika m'gulu la opikisana pa mphoto ya Oscar ya alembi chifukwa cha filimu ina, momwe iye amangotchula dzina lake ndi timawu tina towerengeka. Nanga munthuyu ankalemba chiyani, popeza sankalemba zokamba za anthu? Kuti timvetse, tiyenera kubwerera kumene anachokera, chifukwa luso lakelo silinaphukire pa desiki.

Anabadwa pa 9 Okutobala 1907 ku Le Pecq, chakumadzulo kwa Paris, ndipo dzina lake lonse linali Jacques Tatischeff. Agogo ake akuchimuna anali mkulu wa asilikali wa ku Russia amene ankatumikira ku ofesi ya kazembe wa dziko lawo ku Paris. Kuchikazi kunali magazi a ku Netherlands ndi a ku Italy. Banjalo linali lopeza bwino, ndipo chuma chake chinkachokera ku kampani ya Van Hoof, yokhoma mafelemu a zithunzi, imene bambo ake ankayendetsa. Sukulu sinamuyanje mnyamatayu. Anaisiya ali ndi zaka 16 n'kuyamba kuphunzira ntchito ya mafelemuyo. Ine ndimakhulupirira kuti zaka zimenezo sizinapite pachabe. Wokhoma felemu amadziwa kuti chithunzi chili ndi ngodya zinayi, ndi kuti diso la munthu limayendayenda mpaka m'mphepete, silikhala pakati pokha. Mafilimu onse a Tati anadzakhala a munthu wodziwa zimenezi.

Sukulu yake yeniyeni inali bwalo la rugby. Ankasewera mu timu ya Racing Club de France, imene mtsogoleri wake anali Alfred Sauvy, yemwe pambuyo pake anadzakhala katswiri wa zachuma ndi chiwerengero cha anthu (ndi Sauvy yemweyu amene mu 1952 anayambitsa dzina lija lotchulira mayiko osauka kuti dziko lachitatu). Masewero akatha, anyamata akudya pamodzi madzulo, Tati ankaimirira n'kubwereza masewero onse yekha, wopanda mpira, wopanda mawu: wosewera, woimbira, ngakhale wochemerera wokwiya. Anzake ankagwa nako kuseka. Kumayambiriro kwa zaka za m'ma 1930, nthawi imene chuma cha dziko lonse chinali chitagwa, iye anasiya ntchito yodalirika ya kwawo kuti azikadya za kutsanzira. Makolo ake sanakondwe, ndipo anavutika zaka zingapo. Koma sewero lake lotchedwa Impressions sportives, momwe ankakhala goloboyi, wankhonya, watenesi, msodzi ndi wokwera hatchi, linakula mpaka kufika pa nsanja ya ABC ku Paris mu 1936. Mlembi wotchuka Colette anamuonera kumeneko ndipo analemba m'nyuzipepala modabwa kuti munthu mmodzi angakhale bwanji hatchi ndi wokwerapo nthawi imodzi. Chaka chomwecho anasewera mu filimu yaifupi ya nkhonya, Soigne ton gauche, imene iye analemba ndipo woitsogolera anali René Clément.

Nkhondo Yachiwiri Yapadziko Lonse inadula zonsezi. Anaitanidwa ku usilikali mu 1939, ndipo France itagonja mu 1940 anabwerera ku zisudzo mu Paris wolamulidwa ndi Ajeremani. Pali banga pa mbiri yake ya nthawi imeneyi limene sitiyenera kulibisa. Mu 1942 mkazi wina wovina amene ankagwira naye ntchito pa nyumba ya zisudzo ya Lido anabereka mwana wamkazi wa Tati, koma iye anamukana mwanayo n'kuwasiya awiriwo pakati pa nkhondo. Munthu amene anadzajambula mwachifundo chotere ubale wa mwana ndi malume ake analephera kuchitira chifundo mwana wake womubereka. Luso lake silifafaniza mlanduwo. Mu 1943 anachoka ku Paris pamodzi ndi mnzake Henri Marquet n'kukabisala pafupi ndi kamudzi kotchedwa Sainte-Sévère-sur-Indre, pakatikati pa dzikolo. Kumeneko anali ndi nthawi yambiri yongokhala n'kumapenya: mmene alimi amapatsirana moni, mmene nkhani imayendera kuchoka pa bala kufika pa bwalo la msika, mmene tsiku limatalikira kumalo kumene kulibe wothamanga.

Nkhondo itatha, mafilimu a ku France anali pa mpanipani. Mu Meyi 1946 boma linasainirana ndi America pangano lokhudza ngongole, lodziwika ndi mayina a Léon Blum ndi James Byrnes. M'panganolo munali ndime yoti pa milungu 13 iliyonse, milungu 4 yokha ndiyo isungidwire mafilimu a ku France m'nyumba zoonetsera kanema. Yotsalayo inali ya aliyense wamphamvu, ndipo wamphamvu anali Hollywood, amene mafilimu ake anali ataunjikana zaka zonse za nkhondo. Mu Januwale 1948 ochita mafilimu anaguba m'misewu ya Paris kudandaula. Chida chimene Afalansa ankadalira polimbana ndi alendowo chinali mawu. Alembi monga Jacques Prévert, Henri Jeanson, Charles Spaak, komanso awiri aja Jean Aurenche ndi Pierre Bost, ankalemekezedwa chifukwa cha zokambirana zakuthwa zimene ankaika m'kamwa mwa osewera. Nthawi zambiri ankatenga buku lodziwika n'kulisandutsa filimu. Tati analowa m'dziko limeneli ngati wosewera wamba. Mu Sylvie et le fantôme ya Claude Autant-Lara, ya 1946, anali mzukwa wosayankhula, ndipo mu Le Diable au corps ya 1947 anangooneka pang'ono.

Pa ntchito ya filimu ya mzukwayo ndi pamene anadziwana ndi Fred Orain, amene anavomera kuika ndalama pa maganizo ake. Anayamba ndi filimu yaifupi, L'École des facteurs, ya wapositi wophunzitsidwa kufulumira. René Clément ndiye ankayenera kuitsogolera, koma anatanganidwa ndi ntchito ina, choncho Tati anaima yekha kumbuyo kwa kamera. Mu 1947 anabwerera ku Sainte-Sévère ndi Marquet, ndi mlembi wina René Wheeler atathandiza kukonza nkhaniyo, kuti akaikuze ikhale filimu yathunthu. Anthu a m'mudzimo, ndi nkhuku zawo ndi mbuzi zawo, analowa m'filimu momwemo.

Nkhani yake ndi yaifupi moti itha kukwana pa envelopu. Anthu a zoseweretsa afika pamudzi ndi kavalo wamatabwa wozungulira ndi hema woonetseramo kanema. Wapositi François asuzumira m'hemamo n'kuona mmene a positi a ku America amaperekera makalata pa ndege. Anthu ayamba kumunyogodola, amumwetsa vinyo, ndipo m'mawa mwake iye atsimikiza kugwira ntchito mwachimereka. Amangirira njinga kumbuyo kwa lole n'kumadinda makalata pa chitseko chake lole ikuthamanga. Apitirira gulu la opikisana pa njinga. Njinga imuthawa n'kumayenda yokha m'misewu, iye akuithamangira. Mapeto ake agwera mumtsinje, ndipo gogo wina wowerama msana, amene wakhala akuyang'ana zonse ali ndi mbuzi yake, amutengera kumunda kumene François akathandiza kututa udzu. Apa ndi pamene tikuona chimene Tati ankalemba. Ankalemba kayendedwe ka thupi, mtunda wa pakati pa munthu ndi mtengo umene ukufuna kumugwera, nthawi yeniyeni imene njuchi iyenera kuchoka pa khutu la wapositi kupita kwa mlimi amene akumuseka. Zoterezi zimafuna kuziganizira miyezi, ndipo zikalakwika ndi kamphindi kamodzi sizisekesa. M'nthabwalamo munalinso nkhani ya dziko lonse la France la nthawiyo, losauka, lotopa ndi nkhondo, likuyang'ana America mosirira ndi mwamantha.

Filimuyi anaijambula ndi makamera awiri oimikidwa pamodzi. Imodzi inali ya njira yatsopano ya mitundu yotchedwa Thomsoncolor, ina ya zakuda ndi zoyera yongodzitetezera. Kudziteteza kumeneko ndiko kunapulumutsa ntchito yonse, chifukwa a Thomson analephera kutsuka filimu ya mitunduyo. Ogulitsa mafilimu nawo anayamba aikana, poti inalibe wosewera wotchuka, mpaka inatuluka mu 1949. Anthu oposa 6 miliyoni anakaionera ku France.

Wina aliyense akanapanga François wachiwiri ndi wachitatu, ndipo anamupempha kutero. Tati anakana. Anafuna munthu wopanda yunifolomu, amene angapezeke paliponse. Mu 1953 anatulutsa Les Vacances de Monsieur Hulot, yojambulidwa ku Saint-Marc-sur-Mer, m'mphepete mwa nyanja ya Atlantic. Kuyambira 1936 lamulo linkapatsa antchito a ku France milungu iwiri ya tchuthi cholipidwa, ndipo kupita kunyanja m'chilimwe kunali kukusanduka mwambo wa mtundu wonse. Tati anaona kuti anthu amapita ku tchuthi atasenza ntchito zawo kumutu: wamalonda amangoitanidwa ku telefoni, msilikali wopuma amalamulira anzake pa ulendo wokadya kutchire, onse amathamangira belu la chakudya ngati ana a sukulu yogonera. Pakati pawo pafika Hulot pa kagalimoto kakale kophulikaphulika, kaliwo kukamwa, buluku lothera pamwamba pa akakolo, akuyenda chopendekera kutsogolo ngati akunyang'ama. Ndi munthu waulemu kwambiri, ndipo ulemu wakewo ndi umene umabala ngozi. Akatsegula chitseko kuti apereke moni, mphepo imalowa n'kubalalitsa zonse za m'hotela. Galimoto yake itafera kumanda, chubu cha tayala chigwera m'masamba onyowa, masambawo amatirira, ndipo wa maliro achilandira ngati nkhata ya maluwa. Hulot, posafuna kukhumudwitsa anamfedwa, aima nawo pamzere n'kumagwirana chanza ndi opepesa.

Amene anakulira pa Mr Bean aona msanga chibale, ndipo Rowan Atkinson sabisa kuti filimu imeneyi inamutsegula maso ali mnyamata. Koma kusiyana kwawo n'kwakukulu. Bean amasekesa ndi nkhope, ndipo kamera imamuyandikira kuti tione tsinya lililonse. Kamera ya Tati imaima patali, munthu aoneke kuyambira chipewa mpaka nsapato, ndi ena onse omuzungulira. Woonera amasankha yekha poyang'ana. Chimene chimamutsogolera ndi phokoso. Tati ankajambula zithunzi kaye, phokoso lonse n'kudzalipanga pambuyo mu situdiyo, limodzilimodzi. Chitseko cha chipinda chodyera m'hotela ija chimalira ngati chingwe cha gitala nthawi iliyonse chikakankhidwa, ndipo kuliraku kumakhala ngati wosewera wina. Mawu a anthu anawatsitsa n'kuwasandutsa phokoso ngati lina lililonse. Pa siteshoni ya sitima chimkuzamawu chimangobwebweta zosamveka, apaulendo n'kumathamangira uku ndi uku ndi masutikesi. Ichi n'chifukwa chake mafilimu ake anayenda m'mayiko ambiri osafuna womasulira. Filimu ya tchuthiyi inalandira mphoto ya Louis Delluc. Mu 1954 François Truffaut, akadali mnyamata wolemba mu magazini ya Cahiers du cinéma, anadzudzula kalembedwe ka Aurenche ndi Bost, n'kutchula Tati pamodzi ndi Jean Renoir ndi Robert Bresson m'gulu la ochepa amene mafilimu awo anali awoawo kuyambira pa ganizo mpaka pa chithunzi.

Mon Oncle, kutanthauza malume anga, inatuluka mu 1958, Tati atachita ngozi ya galimoto imene inamuvulaza dzanja, atasiyana ndi Orain n'kukhazikitsa kampani yake ya Specta Films. Polemba anathandizana ndi wojambula zithunzi Jacques Lagrange, amene anakhala naye zaka zambiri, ndipo Pierre Étaix wachinyamata ankajambula ndi kuganizira nawo nthabwala. France inali itasintha. Chuma chinkakwera chaka ndi chaka, mafiriji ndi magalimoto zinkalowa m'makomo, nyumba zakale zinkagwetsedwa. M'filimuyi Hulot amakhala pamwamba pa nyumba yakale yokhotakhota ku Saint-Maur, kumene wosesa mumsewu amacheza tsiku lonse tsache lili m'manja. M'mawa amasuntha zenera lake kuti kuwala kwa dzuwa kugwere pa kambalame ka m'khola la mnansi, kayambe kuimba. Mlongo wake anakwatiwa ndi bambo Arpel, mkulu wa fakitale ya mapaipi a pulasitiki, ndipo amakhala m'nyumba yamakono imene inamangidwa dala mu situdiyo ya Victorine ku Nice. Pabwalo pali nsomba yachitsulo yolavula madzi, imene mayi Arpel amaitsegula pokhapokha pakabwera mlendo wolemekezeka. Akaona kuti ndi wogulitsa ndiwo, amaitseka. M'kanthu kamodzi kameneka Tati ananena zonse za nyumba yomangidwira maso a anthu osati okhalamo. Mwana wa m'nyumbamo, Gérard, amapuma bwino akakhala pa njinga ya malume ake basi. Filimuyi inapata mphoto yapadera pa chionetsero cha ku Cannes ndi Oscar ya filimu ya chilankhulo chakunja. Ali ku America kukalandira, Tati anapempha kukaona nkhalamba zitatu za nthabwala za mafilimu opanda mawu: Stan Laurel, Buster Keaton ndi Mack Sennett.

Apa anali pa nsonga, ndipo akanatha kudya za Hulot mpaka imfa. Koma Hulot anali atayamba kumulemera. Chikhulupiriro cha Tati chinali chakuti nthabwala si chuma cha katswiri mmodzi, kuti munthu aliyense woyenda mumsewu amasekesa ngati pali womuyang'anitsitsa. Anafuna filimu imene aliyense wooneka pa chinsalu akhale ndi gawo lofanana. Anafunanso kuonetsa Paris watsopano wa magalasi ndi zitsulo. Popeza sakanatha kuimitsa bwalo la ndege kapena maofesi enieni kwa miyezi, anamanga mzinda wakewake pa malo opanda kanthu kum'mawa kwa Paris, pafupi ndi Joinville. Anthu anautcha Tativille. Unali ndi misewu ya phula, magetsi akeake, ndi nyumba zazitali zimene zina zinali pa mateyala kuti azizisuntha. Kujambula kunatenga nthawi yaitali kwambiri, pa filimu yaikulu ya mamilimita 70. Mphepo yamkuntho inawononga zomangazo, ndalama zinkatha ntchito n'kuima, ndipo Tati anapereka chikole nyumba ya banja ndi umwini wa mafilimu ake akale.

PlayTime inatuluka mu Disembala 1967, patatha zaka 9 chitulukire Mon Oncle. Ine ndimaiona kuti ndiyo ntchito yake yopambana, ngakhale ndikumvetsa amene anatuluka m'nyumba ya kanema atakhumudwa. Anabwera kudzaona Hulot, koma Hulot amangotulukira n'kusowa, ndipo pali anthu ena ovala ngati iye amene amasokoneza maso. Gulu la amayi odzaona malo ochokera ku America lifika ku Paris koma nsanja ya Eiffel amangoiona m'chithunzithunzi cha pa chitseko cha galasi chikamatsegulidwa. Pafupifupi theka la filimu limachitikira mu lesitilanti ya Royal Garden, imene yatsegulidwa amisiri asanamalize. Matailosi amamatirira ku nsapato, mipando imadinda chizindikiro pa misana ya alendo, denga limagwa. Chitseko cha galasi chitasweka, mlonda amangogwira chogwirira chake n'kumatsegula ndi kutseka mpweya, alendo n'kumadutsa mwaulemu. Ndipo malowo akamaphwasuka ndi pamene anthu amayamba kumasuka, kucheza ndi osawadziwa, kuvina. Tati sankadana ndi zamakono monga ena amamunenera. Chimene ankadandaula ndi mizere yowongoka imene imauza munthu podutsa ndi pokhala, ndipo chimene ankakondwera nacho ndi mmene anthu amaikhotetsera. Kukacha, magalimoto othinana pa raundabauti amazungulira ngati kavalo wamatabwa uja wa ku Sainte-Sévère.

Oonera ku France anangopitirira pang'ono 1 miliyoni, ochepa kwambiri poyerekeza ndi ngongole. Ku America inachedwa zaka zingapo isanaonetsedwe. Tati ankafuna kuti Tativille isungidwe, achinyamata aziphunziriramo kupanga mafilimu, koma inagwetsedwa. Nyumba ya banja ija, ya ku Saint-Germain-en-Laye, inapita. Specta Films inagwa, ndipo mafilimu ake anagulitsidwa kwa ena. Kuti apeze ndalama anavalanso chijasi cha Hulot mu Trafic ya 1971, yopangidwa mothandizana ndi a ku Netherlands, momwe akuperekeza galimoto yogonamo kuchoka ku Paris kupita ku chionetsero ku Amsterdam n'kufika chitatsekedwa. Yomaliza, Parade ya 1974, anaipangira wayilesi ya kanema ya ku Sweden. M'menemo, ali ndi zaka zoposa 65, anabwerezanso goloboyi, wankhonya ndi wokwera hatchi wa unyamata wake, thupi likumverabe. Mu 1977 analandira mphoto yaulemu ya César. Anamwalira mu Novembala 1982 atasiya nkhani ya filimu yotchedwa Confusion isanajambulidwe. Mafilimu ake aatali onse ndi 6 okha.

Amene anatola zomwazikazo ndi mwana wake wina, Sophie Tatischeff, amene anali wolumikiza mafilimu. Iye ndi katswiri wa kamera François Ede anapeza njira yotulutsira mitundu m'zitini zakale za Thomsoncolor, ndipo mu 1995 anthu anaona Jour de fête monga mwini wake anaifunira mu 1947. Sophie anagwirizananso ndi Jérôme Deschamps ndi Macha Makeïeff kukhazikitsa kampani ya Les Films de Mon Oncle yosonkhanitsa ndi kukonza mafilimu onse. Sophie anamwalira mu 2001, PlayTime yokonzedwanso isanaonetsedwe ku Cannes mu 2002. Nkhani ina imene Tati analemba m'zaka za m'ma 1950 n'kuisiya m'kabati, ya wamatsenga wokalamba ndi kamtsikana, Sylvain Chomet anaisandutsa filimu ya zojambula, L'Illusionniste, mu 2010. Ku Saint-Marc-sur-Mer lero kuli chiboliboli cha Hulot, manja m'chiuno, akuyang'ana gombe.

Inu amene simunamuonepo, yambani ndi wapositi uja kapena tchuthi cha kunyanja, chifukwa simufunika kudziwa Chifalansa kuti museke. PlayTime muisungire tsiku limene mwapeza sikirini yaikulu, osati ya foni, ndipo muionere kawiri. Ulendo wachiwiriwo musamufunefune Hulot, muziyang'ana anthu a m'ngodya.